Maluwa a Ukwati wa Mlongo Wanga

Ine ndine munthu wa phuma, ndipo pa Phalula palibe amene angatsutse. Ukwati wa mlongo wanga unali Loweruka, koma maluwa ndinakagula sabata itangoyamba. Anzanga a kutchalitchi anandiletsa. Anati mwezi wa Okutobala kuno ngakhale nkhuku imayenda kukamwa kuli yasa, nanji duwa? Sindinawamvere. Mlongo ndili naye mmodzi yekha, ndinamubereka kumbuyo ndine, ndiye sindikanalola kuti akwatire pakati pa maluwa apulasitiki aja timangowapukuta fumbi chaka ndi chaka. Maluwa amenewo anaona maukwati a mudzi wonse, ndipo ena mwa maukwatiwo anatha kalekale iwo akadali chilili.

Nthawi imeneyo ndinkagulitsa tomato m'mbali mwa msewu, komanso ndinali m'gulu la amayi okongoletsa tchalitchi. Maluwa amene ndinkafuna ndinawaonapo ku Zomba, kumene anthu amatsika nawo kuchokera kuphiri. Ndi oyera mbee, opindika ngati kapepala kokulungira mtedza wokazinga, ndipo pakati pake pamakhala kachala kachikasu. Masamba ake amafanana ndi a koko. Ogulitsa amawatchula kuti kala lili, koma ife tinkangoti maluwa a ku Zomba.

Mayi amene anandigulitsa atamva kuti ndikupita nawo ku Balaka anagwira pakamwa.

"Amayi, mukukawaphatu amenewa," anatero.

"Ndiye mundiuze mochitira kuti asafe. Ndabwera kale."

Anandiuza uku akuwamanga. Kumapeto kwa phesi uzidula mopendeketsa ndi lezala lakuthwa, osati sizasi, chifukwa phesi lake ndi lofewa ndipo sizasi imalifinya. Madzi akhale ochepa, ongomiza kumapeto. Ukadzaza, phesi limawola n'kuyamba kuterera ngati therere. Tsiku lililonse usinthe madziwo, utsuke chotengeracho, udulenso pang'ono. Poyera paja usakhudzepo, pamadetsedwa n'kusanduka podera. Asaone dzuwa, asakhale pafupi ndi zipatso zakupsa. Ndinawakulunga m'chitenje chonyowa n'kuwafukata ngati khanda. Pa Liwonde ndinayambana ndi kondakitala yemwe ankafuna kuwalowetsa pansi pa mpando pamodzi ndi dengu la nsomba. Ndinamuuza kuti alowemo iyeyo.

Nyumba yanga ndi ya malata, ndipo m'kati munali tomato yekhayekha. Choncho maluwa ndinawaika m'chidebe n'kukawasiya kwa amayi, poti nyumba yawo ndi yofolera udzu, masana mumazizira bwino. Amayi anawayang'ana osanena kanthu. Ine ndinayesa kuti akusirira.

Mlongo wanga ankagwira ntchito ku Joni, ndipo masiku amenewo anali panjira, akubwerera ukwati wakewo. Sanali yekha. Anali ndi mnzake, mlongo wake wa mayi wina woyandikana nafe nyumba. Mayi ameneyu ndi Myao wa ku Chikweo, Msilamu, anabwera pa Phalula potsatira mwamuna wake wokonza njinga. Tinkaitanana kuti achemwali, ndipo mchere ndi moto tinkapalana. Mlongo wakeyo ndi amene anamutenga wathuyu kupita naye ku Joni, n'kumupezera pogona ndi ganyu yoyamba. Tsopano ankabwera kudzadya mpunga wa ukwati, kenako apitirire ku Chikweo kukaona mwana wake amene anabadwa iye atachoka kale. Anyamata awiriwa anatiimbira ali m'dziko la Zimbabwe, akuseka, akulandana foni. Anati tiwayembekezere mawa lake, basi idzawatsitsa pa tomato wanga pomwepo.

Mawa lakelo ndinakhala pamsewu maso ali kumunsi, kochokera ku Zalewa. Basi iliyonse yaikulu yokoka ngolo ikatulukira, ndinkaimirira n'kukonza chitenje. Zonse zinkangodutsa. Ndinaimba foni yake, sinkapezeka. Ndinati mwina batire yatha, kapena achedwa pachipata cha pamalire, poti kumeneko anthu amagonera. Dzuwa litapendeka, mayi wogulitsa makala pafupi nane anabwera atagwira foni yake ngati yamuotcha. Panali chithunzi chimene anthu ankatumizirana: basi itagona chammbali m'thengo, zikwama zija zazikulu zamizeremizere zili mbwee. Ankati ndi ku Mozambique, usanafike ku Tete, ndipo ankati ena amwalira, ena ali m'chipatala. Maina panalibe. Mtundu wa basiyo unali womwewo umene mlongo wanga ananena.

Tomato ndinamusiya pomwepo, sindikudziwa amene anamulongedza.

Nkhani inali itandidutsa kale panjira. Amayi ndinawapeza ataima pakati pa nyumba, maso ali pa chidebe cha maluwa chija. Amayi ndi Alomwe, makolo awo anachokera ku Mozambique komweko, koma Chilomwe salankhula kawirikawiri. Dzina la Mulungu m'chinenero chawo limawatuluka pokhapokha mantha akawafika m'mafupa. Tsiku limenelo ankangoti, "Muluku, Muluku," chapansipansi.

"Tulutsa izi," anatero.

"Amayi, ndi maluwa a ukwati."

"Iyayi! Ine maluwa amenewa ndimawadziwa. Ndinawaona pa bokosi, pa maliro a aphunzitsi aja anabwera nawo kuchokera m'tauni. Mwana wanga ali panjira, iwe wandiikira kale nkhata m'nyumba? Tulutsa!"

Kwathu munthu sugula nsalu ya maliro wodwala akupumabe, ngakhale kutchula kumene sutchula, kuopa kuitana. Ndinadziwa tsopano chimene amayi ankaganiza tsiku lija anangokhala chete. Ndinafuna kuwatsutsa, koma nditayang'ana maluwawo nanenso ndinaona zomwezo. Kuyera kwake kunandiopsa.

Ndikutuluka ndi chidebe, pakhomo ndinakumana ndi mayi wina wa m'gulu lathu lokongoletsa, amene anabwera kudzationa. Ndi mayi wabwino, koma pakamwa pake palibe chitseko. Anayang'ana maluwa, n'kupukusa mutu.

"Muwasamale, achemwali. Kaya uku kaya uko, afunikabe."

Zikanakhala kuti manja anali opanda kanthu, bwenzi tikukamba zina. Ndinamuuza mawu amene sindingawalembe pano, ndipo anabwerera asanakhale n'komwe pansi. Koma chimene ananenacho chinatsala, chifukwa sananame. Amene amamanga nkhata pa tchalitchi pathu ndife omwewo okongoletsa ukwati, ndipo wodziwa kupinda waya bwino ndinali ine.

Ndinaima pabwalo ndi chidebe changa, osadziwa kolowera. Kudzala kunali pafupi. Ndikanawataya, bwenzi ndavomereza kuti ukwati kulibe. Ndikanawasunga, mwina ndinali kusunga nkhata ya mlongo wanga ndi manja anga omwe. Kuyambira chibadwire sindinaopepo chinthu ngati mmene ndinaopera chidebe chimenecho.

"Achemwali, mukupita nawo kuti?"

Anali mnzanga wa ku Chikweo uja. Anali pakhonde pake, lichero la nandolo lili pambali osapeta, foni ili pamiyendo. Maso ake anali ofiira ngati anga. Ndinamuuza zimene amayi ananena, ndi zimene mayi wa pakamwa uja anawonjezera. Anamvetsera mpaka ndinamaliza, kenako anadzuka n'kukankha chitseko.

"Lowetsani muno. Ife pa maliro sitiika maluwa. Munthu timamusambitsa, timamukulunga m'nsalu yoyera, basi wapita. Ndiye m'nyumba mwanga muno maluwa sangakhale a maliro. Akalowa muno ndi a ukwati basi."

Ndinalira pamenepo, kulira kumene ndinakanika kulira pamsewu.

Chidebe changa cha pulasitiki anachikana, anati chimatenthetsa madzi. Anatulutsa mtsuko wake wosungira madzi akumwa, wa pakamwa popapatiza, n'kuukhazika kuseri kwa chitseko pa mchenga wonyowa. Madzi a pa mjigo wathu amamveka mchere, choncho ankakatunga pa chitsime cha kudambo. Tinkathiramo shuga wa kunsonga kwa supuni ndi kadontho ka klorini uja timathira m'madzi nthawi ya kolera. Mango amene ana ake anatola anawatulutsa panja. Pazenera anakolekapo chiguduli chonyowa. Mapesi ena anayamba kung'ambika kumapeto n'kumapindikira m'mwamba. Iye ndi amene anaganiza zowamanga ndi ulusi wosokera, mosathinitsa. Utomoni wa maluwawa umayabwa ngati wa koko, ndipo tonse awiri zala zinatupa.

Malume athu ananyamuka kupita ku Tete kukafufuza, pamodzi ndi mwamuna wa mnzangayo. Ife tinatsala ndi mafoni awiri ndi mtsuko. M'mawa uliwonse ndinkafika, iye n'kundipatsa moni wa Chiyao, ine n'kuyankha mokhotakhota monga mwa masiku onse, koma panalibenso woseka. Funso lenileni sitinkafunsana. Aliyense ankangoyang'ana nkhope ya mnzake n'kudziwa kuti palibe chamveka. Kenako tinkagwada pa mtsuko. Iye ankagwira duwa cha m'khosi, ine n'kudula, iye n'kutsuka mtsuko, ine n'kuthira madzi atsopano. Ikakwana nthawi yoswali ankalowa kuchipinda, ine ndinkakhala pakhonde n'kumapemphera zanga. Sindikudziwa ngati ndinkapempherera onse awiri mofanana. Ndikufuna kukhulupirira kuti ndinkatero.

Mphekesera zinali ngati ntchentche. Wina anati wamva kuti onse okhala kutsogolo anatha. Wina anati ayi, ndi okhala kumbuyo. Ife sitinkadziwa n'komwe pamene anyamata athu anakhala. Foni ikalira, unkaithamangira, koma unkapeza kuti ndi wachibale wa ku Ntcheu akufunsa ngati tamva kanthu. Anthu anayamba kundipatsa moni wotsitsa mawu, moni uja timapatsa ofedwa, ndipo ndinkawayankha mokweza dala. Amayi analeka kudya. Ankakhala pansi pa mtengo wa nsangu, nkhope ili kumsewu, ndipo kunyumba kwa mnzangayo sankayang'anako.

Mlamu wanga, mkwatibwi, anabwera tsiku lina masana. Ndi mtsikana wofatsa wa ku Rivirivi. Anapempha kuti awaone maluwa ake. Anagwada, n'kutambasula dzanja kuti akhudze limodzi.

"Poyerapo ayi!" ndinakuwa.

Anabweza dzanja ngati wagwira moto, n'kuyamba kusisima. Ndinachita manyazi. Mnzanga anamukhazika pamkeka, n'kumuuza kuti, "Musawadandaule alamu anuwa, akusungirani kuti mudzawanyamule ali oyera. Inshaala, Mulungu akalola, mudzawanyamula." Ankatonthoza ife ngati kuti iyeyo analibe wake m'basimo.

Loweruka linafika. Mbuzi ziwiri za ukwati zinali zikadali pa chingwe, zikudya makoko a nandolo. Belu la tchalitchi silinalire. Amayi amene anayenera kudzaphika anabwerabe, koma anangokhala pabwalo la amayi anga, miyendo atatambasula, akuyankhula monong'ona. Ndikawayang'ana ndinkaona chinthu chimodzi chokha, kuti pangotsala nyimbo za maliro. Ndinathawira kwa mnzanga. Tsiku limenelo duwa limodzi tinalipeza litagwetsa khosi, m'mphepete mwake mutadera, phesi likununkha. Ndinalizula msanga kuti lisawoletse anzake. Mapesi a otsalawo anali atafupika ndithu chifukwa chodulidwa tsiku ndi tsiku, moti mitu inali pafupi kukhudza mlomo wa mtsuko, ndipo tinaikamo miyala pansi kuti akwere.

"Akatha mapesiwa tidzadula chiyani?" ndinafunsa.

"Asanathe tikhala titamva," anayankha.

Ndipo tinamvadi. Linali Lolemba lotsatira, dzuwa litakwera pang'ono. Tinali titagwada pa mtsuko, ndipo tsiku limenelo lezala linali m'manja mwake, ine ndinali nditagwira duwa. Foni yanga inalira, nambala yake yachilendo, yaitali. Ndinakanika kudina kawiri konse. Anali malume. Anangoti, "Dikira," kenako kunamveka phokoso, n'kubwera mawu ofooka, osasa.

"Achemwali, ndine."

Sindikumbukira mmene ndinaimirira. Ndinangozindikira ndili pakhomo ndikuimba nthungululu, ndikukuwa kuti ali moyo, ali moyo. Mlongo wangayo anati mwendo unathyoka pawiri, mutu anamusoka, masiku oyamba sankadziwa pamene ali, foni ndi zikwama zonse zinasowa. Ine ndinkangoseka ndi kulira, ndikumutukwana kuti watitha mafuta. Akuluakulu amati linda madzi apite ndiye uziti ndadala. Ine sindinalinde.

"Achemwali," anateronso, "muli ndi ndani pamenepo?"

Ndinamuuza. Iye anatsitsa mawu.

"Tasunthani pang'ono."

Koma kafoni kanga kanali kaja kolankhula ngati wailesi, ndipo nyumba inali yaing'ono. Mnzanga anali akadali chogwada. Anakweza mutu n'kunena bwinobwino kuti, "Muuzeni anene pompano."

Ananena. Mnzake uja anamwalira pamalo pomwepo. Asilamu a kumeneko anamuzindikira kuti ndi mnzawo, ndipo poti mwambo wawo salola kusunga thupi, atamaliza za boma anamusambitsa, anamuswalira n'kumuika m'manda awo. Mwamuna wa mnzangayo anali atakaonetsedwa kale mtumbira, koma ankalephera kumuimbira foni mkazi wake. Kunalibe thupi lobwera. Kunalibe chilichonse chobwera, kupatula kachipewa kake kamene wina anatola.

Mnzanga ananena mawu aja Asilamu amanena akamva za imfa, akuti tonse ndife a Mulungu ndipo kwa Iye tidzabwerera. Anawanena motsitsa, kamodzi. Kenako anaika lezala pansi mosamala, patali ndi pomwe mwana angaponde.

Nthungululu yanga ija inali itafika kale kutali. Ndinamva mapazi, ndipo amayi anatulukira akuthamanga, chitenje chili m'manja, nkhalamba imene inali isanadye masiku onsewo. Nawonso anali akululutira. Anafika pakhomo, anaona nkhope yanga, anaona nkhope ya mnzanga, ndipo nthungululuyo inadukira pakhosi. Anakhala pansi pomwepo pa fumbi. Kenako anakwawa n'kukamukumbatira, ndipo m'pamene mnzanga analira. Sindinamvepo kulira ngati kumeneko. Ine ndinaima ngati mtengo, foni ili m'manja, chimwemwe chili m'chifuwa chosowa kochiika. Ndinkasangalala, sindinama, ndipo ndinkachita mantha ndi kusangalala kwangako.

Posakhalitsa amayi a kumzikiti anayamba kufika, atafunda mitu, akuvula nsapato pakhomo. Panafunika kutulutsa katundu kuti ayale mikeka. Ndinayang'ana maluwa aja kuseri kwa chitseko. Anali oyera bwinobwino, ataimika makosi, ngati adulidwa dzulo. Kwathu mnzako akafedwa umamupangira nkhata, ndiyo ntchito imene manja anga amadziwa. Mtima unkandiuza kuti ndimupatse, onsewo. Koma ndikanamupatsa kuti akawaike pati? Bokosi panalibe, manda anali kutsidya kwa malire, ndipo ngakhale akanakhala kuseri kwa nyumba, kwawo satero. Ndinali ndi maluwa odzaza mtsuko, koma chomupatsa ndinalibe.

Iye anandiona ndikuyang'ana. Anapukuta m'maso ndi nsonga ya mpango.

"Achemwali, atulutseni anthu asanadzaze. Ndinakuuzani kuti muno sangakhale a maliro." Kenako anawonjezera kuti, "Madzi sitinasinthe. Awiri a kumapetowo sindinadule."

Ndinawerama kuti ndinyamule, koma amayi anandikankha dzanja. Anapinda chitenje chawo, anachiika pamutu, n'kusenza mtsukowo okha. Anadutsa nawo pakati pa anthu obwera kudzalira, osayang'ana uku kapena uku, mpaka kukalowa nawo m'nyumba mwawo, mmene anawathamangitsa muja.

Madzulo a tsiku lomwelo mnzanga ananyamuka kupita ku Chikweo, kukakhala ndi mayi ake ndi mlamu wake, ndi kamwana kaja sikanaonepo bambo ake. Ine ndinapitiriza kudula mapesi m'mawa uliwonse, ngakhale panalibenso ukwati wowadikira kapena maliro owafuna. Sindinkadziwa kuti ndileke bwanji. Ndinkadula, ndinkasintha madzi, ndinkamanga ulusi, mpaka mapesi anafupika ngati chala, ndipo lomaliza litagwetsa khosi ndinakawataya kudzala.

Mlongo wanga anadzakwatira mvula itatha, akuyendera ndodo, pakati pa maluwa apulasitiki omwe aja. Ndinawapukuta fumbi ndekha, osadandaula. Mbuzi anatizingira mwa Chisilamu mwamuna wa mnzangayo, kuti aliyense adye nawo.

Koma mtsuko ndinali nditabweza kale, mnzanga atangobwerako ku Chikweo. Ndinamupeza pakhonde, ataonda, akusankha nandolo. Anaulandira, n'kusuzumira m'kati.

"Anakhalitsa?" anafunsa.

"Anakhalitsa, achemwali."

Anagwedeza mutu. Kenako anadzuka, anaukhazika pamutu, n'kutsetserekera kudambo kukatunga madzi.